Khoti kuimitsa chisankho cha ophunzira pa yunivesite: zinayenda bwanji ku Dhaka, nanga chiletso chimagwira ntchito motani?

Pa 1 September 2025 ophunzira a pa University of Dhaka ku Bangladesh anadzuka akudziwa kuti kwatsala masiku 8 kuti akaponye voti yosankha atsogoleri awo. Masana ake anangomva kuti khoti laimitsa chisankhocho mpaka pa 30 October. Tsiku lomwelo lisanathe anamvanso kuti jaji wina waimitsa chigamulo choimitsa chija, ndiye kuti chisankho chilipobe pa 9 September monga anakonzera poyamba. Amene amatsatira nkhaniyi pa foni mutu unazungulira ndithu, eti khoti likuti ayi kenako khoti lomwelo likuti eya? Ndipo enafe tikamva zotere timafunsanso kuti kodi majajiwa alibe milandu ina, za ana asukulu akuzitengeranji pamtima chonchi?

Tiyeni tiimasule pang'onopang'ono. Sindikuikira kumbuyo mbali iliyonse, ndikungofuna kuti mawa mukamva zoti chisankho cha ophunzira chaimitsidwa ndi khoti, kaya ndi ku Dhaka kaya kwina, muzidziwa kuti chikukanganiridwa kwenikweni ndi chiyani.

Bungwe lake ndi lotani, mpando wake ukukomeranji chonchi

Dzina lake ndi Dhaka University Central Students' Union, onse amangoti DUCSU. Yunivesiteyi inatsegulidwa mu 1921 ndipo bungweli linayamba patangopita zaka zochepa. Chodabwitsa kwa ife ndi chakuti pulezidenti wa bungweli si wophunzira ayi, ndi Vice-Chancellor, mkulu wa yunivesite, mpandowo amangoupeza chifukwa cha udindo wake, savoteredwa. Ndiye wophunzira wamkulu kwambiri pa bungweli ndi wachiwiri wake yemwe amamutchula kuti VP, kenako mlembi wamkulu yemwe amati GS. Yerekezani komiti ya chitukuko kumudzi, amfumu alipo pamwamba ndipo sitiwavotera, koma amene anthu amalimbirana kuti akhale ndi uja woyendetsa komiti tsiku ndi tsiku.

Mpandowu si wongokambirana za chakudya cha ku hostel ndi mabasi okha. Lamulo loyendetsera yunivesiteyi la 1973 limati ophunzira asanu osankhidwa ndi DUCSU azikhala nawo mu senate, ndipo senate imeneyi ndi yomwe imavomereza bajeti komanso kusankha maina atatu omwe mtsogoleri wa dziko amatengapo limodzi kukhala Vice-Chancellor. Ndiye DUCSU ikakhala kulibe, mipando isanu ija ilibe eni ake enieni.

Koma chachikulu ndi mbiri. Pa 2 March 1971, dziko la Bangladesh lisanabadwe nkomwe, amene anakweza mbendera yake koyamba pa yunivesite pomwepa anali ASM Abdur Rab, VP wa DUCSU pa nthawiyo. Mu 1990 atsogoleri a ophunzira anali patsogolo pa zionetsero zomwe zinachititsa kuti mtsogoleri wa dziko Hussain Muhammad Ershad atule pansi udindo mu December chaka chomwecho. Mu 2024 ndi ophunziranso amene anayambitsa moto womwe unachotsa nduna yaikulu Sheikh Hasina pa mpando pa 5 August. Ndiye chipani chilichonse kumeneko chimadziwa kuti pa kampasi imeneyi ndi pomwe mphepo imayambira. Mu 2025 ovota analipo pafupifupi 40,000, mipando yaikulu 28, opikisana oposa 450. Chisankho cha kukula kotere musachiyese cha ma prefect.

Kalendala ya chisankho si tsiku limodzi

Apa ndi pomwe ambiri timasokonekera. Tikamva kuti "tsiku la chisankho" timaganiza za tsiku loponya voti basi, koma chimene oyendetsa chisankho amalengeza ndi ndondomeko yonse, ku Bangladesh amaitcha tofsil. Muli tsiku lotulutsa kaundula wa ovota, masiku oti amene dzina lake lasowa kapena lalakwika akadandaule, masiku otenga ndi kubweza mafomu, kuunika ngati opikisanawo akuyenera, tsiku loti amene wasintha maganizo achoke, mndandanda womaliza, kampeni, kuvota, kuwerenga. Chilichonse chatsamira pa chinzake. Mukasuntha chimodzi zonse zapatsogolo zimasunthanso, ndipo nthawi zina zam'mbuyo zomwe munamaliza kale zimafunika kuyambiranso.

Zili ngati ulimi wodalira mvula. Munthu akakuchedwetsani kubzala ndi masabata atatu sanakulandeni munda, mbewu zanu muli nazo, khasu muli nalo, koma zokolola wakulandani ndithu chifukwa mvula siidikira.

Kwa wophunzira mvula yake ndi yaifupi kwambiri. Phungu wa nyumba ya malamulo chisankho chikachedwa miyezi iwiri amakhalabe nzika, adzavota ndipo adzaima. Wophunzira wa chaka chomaliza miyezi iwiri ikadutsa mwina wamaliza mayeso, dzina lachoka m'kaundula, sangavote sangaimenso, pamene ena atsopano omwe sanamve kampeni ndi kamodzi komwe alowa. Kuli mayeso, kuli tchuthi pomwe ma hostel amakhala pululu, kuli masiku a zikondwerero za chipembedzo. Ndiye tsiku lomwelo lomwe likukomera gulu lina likupweteka lina, ndipo aliyense amadziwa zimenezi ngakhale sanena poyera. Ku Dhaka kunali kanthu kenanso pamwamba, boma logwirizira la Muhammad Yunus linali litalengeza kuti chisankho cha dziko lonse chidzakhala mu February 2026, ndiye zotsatira za pa kampasi anthu amaziona ngati kulawa ndiwo zisanapakulidwe.

Khoti limalowa pa khomo liti

Yunivesite ya boma si golosale ya munthu. Inakhazikitsidwa ndi lamulo, ndiye akuluakulu ake ndi komiti yomwe aiika kuyendetsa chisankho akugwiritsa ntchito mphamvu zochokera ku lamulo, ndipo aliyense wogwiritsa ntchito mphamvu zotere khoti lalikulu likhoza kumufunsa kuti watsata ndondomeko kapena ayi. Ku Bangladesh khomo limeneli lili mu ndime 102 ya malamulo aakulu a dziko ndipo pempho lake amalitcha writ. Ku Malawi maloya amati judicial review, ndipo gawo 43 la malamulo aakulu limapatsa munthu ufulu woti aboma akamapanga chiganizo chomukhudza chikhale chotsata malamulo ndi chachilungamo, komanso auzidwe zifukwa zake polemba. Kufananaku si ngozi, maiko onse awiriwa anatengera kayendetsedwe ka makhoti ku England.

Chofunika kumvetsa ndi chakuti pa mlandu wotere jaji sakufunsidwa kuti wabwino ndani pakati pa opikisanawo. Akuona ngati amene anapanga chiganizo anali ndi mphamvu yotero, ngati anamva mbali zonse, ngati anatsata malamulo omwe iwo eni analemba. Ngati mpira, komiti yomva madandaulo siibwereza penate kuti ione ngati akanagoletsa, imangoona ngati wosewera uja anali wolembetsedwa moyenera.

Ndipo nkhani ya ku Dhaka inali yomweyo ndendende, ya wosewera mmodzi. Wophunzira wina wamkazi yemwe naye ankapikisana nawo kumbali ya magulu a ndale za kumanzere, aja okonda mfundo za sosholizimu, anapita ku khoti kukatsutsa kuti SM Farhad, yemwe ankaimira mpando wa GS mothandizidwa ndi gulu la ophunzira la Islami Chhatra Shibir, asaloledwe kuima. Chifukwa chomwe anapereka chinali chakuti Farhad anakhalako mu Chhatra League, nthambi ya ophunzira ya chipani cha Hasina, yomwe boma logwirizira linailetsa mu October 2024. Kaya zinali zoona kaya ayi sindiye nkhani yathu pano, chomwe tione ndi chakuti dandaulo linali la dzina limodzi koma chigamulo chinagwera chisankho chonse, mipando yonse 28 ija.

Pamilandu yotere a yunivesite nthawi zambiri amayankha kuti bwanji simunayambe mwadandaula kwa ife, njira zam'kati zilipo. Odandaula amati njira zam'katizo mwiniwake ndi yemwe tikumudandaulayo, mbuzi ikakasume kwa fisi? Mbali zonse ziwiri zili ndi mfundo, ndipo majaji amasiyana maganizo pa izi kutengera ndi mmene nkhani yabwerera.

Chiletso

Mawu awa ndiye Amalawi timawadziwa ngati dzina la mwana wathu, wakuti watenga chiletso, wakuti wakachotsetsa chiletso. Koma ambiri timachiona ngati chigamulo, ngati kuti wotenga chiletso wawina mlandu. Ayi. Chiletso ndi khoti kunena kuti imani kaye pomwe mulipo mpaka ndimve nkhani yonse.

Mafunso omwe jaji amadzifunsa anakhazikika kwambiri pa mlandu wa ku England wa 1975, wa kampani ya American Cyanamid ndi ya Ethicon, womwe maloya a ku Malawi amautchula mpaka lero, ndipo makhoti ambiri otsata dongosolo la ku England amayenda m'njira yofananako. Kodi pali nkhani yeniyeni yofunika kuweruza kapena munthuyu akungotaya nthawi ya khoti? Ngati pamapeto pake apezeka kuti analondola, ndalama zingathe kukonza zomwe zawonongeka? Ngati sizingathe, mbali iti ipwetekeke kwambiri, tikaimitsa kapena tikalola zipitirire?

Tengani anthu awiri akukanganirana mtengo wa mango wa m'malire. Mfumu yanzeru imati musaudule kaye, chifukwa mukaudula ndiye ngakhale mawa tipeze mwini wake weniweni sitingaubwezere. Kudikira sikupweteka munthu, mtengo uli pompo. Vuto la chisankho cha ophunzira ndi lakuti si mtengo, chili ngati dengu la matimati pa msika. Mukati gulitsani, mwina mwagulitsa a eni ake. Mukati dikirani mwezi ndi theka, aola, ndipo sapindula aliyense. Kulola chisankho chipitirire ndi munthu yemwe mwina samayenera kuima ndi kuwononga, poti akawina n'kulumbira kumuchotsa n'kovuta ndipo ovota ake adzati mwatibera. Kuimitsa nakonso n'kuwononga, opikisana mazanamazana athera kale ndalama zawo ndi masiku awo ophunzira pa kampeni, ena adzakhala atamaliza sukulu. Ndalama sizingakonze mbali iliyonse. N'chifukwa chake majaji awiri ozindikira bwino angathe kuona pepala limodzi n'kugamula mosiyana popanda wina kukhala wopenga kapena wogulidwa.

Kuletsa chiletso

Funso lija loti khoti lomwelo linasintha bwanji maganizo tsiku limodzi, yankho lake n'lakuti silinali khoti lomwelo kwenikweni. Supreme Court ya ku Bangladesh ili ndi zigawo ziwiri, High Court Division pansi ndi Appellate Division pamwamba. Amene anaimitsa chisankho anali majaji awiri a chigawo cha pansi. Ku chigawo chapamwamba kumakhala jaji mmodzi yemwe ntchito yake n'kumva nkhani zachangu payekha, amamutcha chamber judge, ali ngati dokotala wa usiku pa chipatala, sachita opaleshoni yonse koma amaletsa magazi mpaka anzake abwere. Ku Malawi nakonso jaji mmodzi wa Supreme Court of Appeal amatha kumva mapempho otere.

Ndiye nkhani itangomveka ophunzira anatuluka m'ma hall, nyumba zawo zogona, kukachita zionetsero, maloya a yunivesite anathamangira kumwamba kuja, ndipo jaji Farah Mahbub anaimitsa lamulo la anzake aja tsiku lomwelo. Pa 3 September majaji a Appellate Division atakhala pamodzi anasiya zinthu momwemo. Anthu anavota pa 9 September, Shadik Kayem anawina u VP, Farhad yemwe uja anawina u GS, gulu lawo linatenga mipando 23 mwa 28, ndipo ena mwa omwe anagonja anakana zotsatira ponena kuti panali chinyengo. Onani bwino apa, kuchotsa chiletso sikunali kunena kuti dandaulo lija linali labodza. Kunali kungonena kuti chisankho chisadikire.

Pamene khoti likukankha m'malo moimitsa

Mbali iyi ndi yomwe imandichititsa chidwi kwambiri, chifukwa amene amakwiya kuti makhoti akulowerera za ophunzira amaiwala kuti pa yunivesite yomweyi ndi khoti lomwe linadzutsa chisankho chitafa. Atsogoleri a DUCSU amayenera kukhala chaka chimodzi. Koma chisankho chitachitika mu June 1990 sichinachitikenso kwa zaka zoposa 28. Maboma anasinthana, chipani cha BNP chinalamula, chipani cha Hasina cha Awami League chinalamula, ma Vice-Chancellor anabwera n'kupita, aliyense amati zinthu sizili bwino pa kampasi tidikire kaye mtendere. Chodabwitsa n'chakuti nthawi ya asilikali zisankhozi zimachitikako, zinadzaima nthawi ya demokalase. Otsutsa amati nthambi ya ophunzira ya chipani cholamula ikakhala kuti ikulamulira kale ma hall popanda voti, voti ingaipindulire chiyani?

Mu 2012 ophunzira 25 anapita ku khoti kukapempha kuti likakamize yunivesite kuchititsa chisankho. Lamulo lotere maloya amalitcha mandamus, tanthauzo lake n'kuuza wa udindo kuti chita ntchito yomwe lamulo linakupatsa. Zili ngati msungichuma wa banki m'khonde yemwe nthawi yogawana yakwana koma iye tsiku lililonse akuti buku ndaiwala kunyumba, sakukana ayi, akungozengereza, ndipo kuzengereza kotere kulibe tsiku lomwe mungaloze kuti apa ndi pomwe analakwa. Chigamulo chinatuluka pa 17 January 2018, chopatsa yunivesite miyezi 6. Werengani nokha, 2012 mpaka 2018, amene anali chaka choyamba pomwe mlandu umalowa anali atavala kale gauni. Miyezi 6 ija inadutsanso, nkhani yonyoza khoti inabuka, ndipo mapeto ake anthu anavota pa 11 March 2019, Nurul Haque Nur n'kukhala VP, pa chisankho chomwe magulu angapo anachinyanyala tsiku lomwelo ponena kuti sichinayende bwino. Nthawi ya komiti imeneyo itatha mu 2020 kunakhalanso zii mpaka 2025.

Anzawo a ku India anayesa kulemba kalendala m'malamulo

Ku India Supreme Court inatopa ndi milandu ya mtunduwu ndipo inalamula kuti pakhale komiti yokonza malamulo a zisankho za ophunzira dziko lonse. Anaitsogolera J.M. Lyngdoh, yemwe kale anali mkulu wa bungwe loyendetsa zisankho m'dzikomo, ndipo mu September 2006 khoti linalamula kuti zomwe komitiyo inalemba zizitsatidwa. Zina mwa izo, chisankho chizichitika pakati pa masabata 6 ndi 8 chaka cha maphunziro chitayamba, ndondomeko yonse kuyambira mafomu mpaka zotsatira isapose masiku 10, wopikisana asawononge ndalama zoposa ma rupee 5,000, akhale wolowa m'kalasi kosachepera 75 peresenti, zaka zakubadwa zikhale ndi malire, ndipo mapositala osindikiza pa makina ayi, olemba pamanja okha.

Munthu ungaganize kuti basi milandu yatha. Inangosintha nkhope. Mu 2008 Supreme Court inaimitsa chisankho cha pa Jawaharlal Nehru University chifukwa ophunzira kumeneko amayendetsa okha chisankho motsata malamulo awo osati a Lyngdoh, ndipo anadzavotanso mu 2012. Mu 2024 ku University of Delhi khoti lalikulu la mumzindawo linachita china chapakatikati, linalola kuti anthu avote pa 27 September koma linaletsa kuwerenga mavoti mpaka opikisana atayeretsa makoma ndi malo a boma omwe anawamata mapositala ndi kuwapaka penti. Mavoti anakhala chitsekere pafupifupi miyezi iwiri, anadzawerengedwa pa 25 November. Ena anati khoti lachita bwino, ana awa aphunzire kuti mzinda si wawo okha. Ena anati mwalanga ovota onse ndi opikisana osalakwa chifukwa cha ochepa a ndalama, ndipo pa mpando wa chaka chimodzi miyezi iwiri si yochepa.

Zomwe sizinayankhidwebe

Choyamba ndi kukula kwa mankhwala. Dandaulo likakhala la munthu mmodzi, khoti liimitse mpando umodziwo, liimitse zonse, kapena lilole voti ichitike n'kudzaona pambuyo? Njira yachitatuyi imamveka yanzeru mpaka mutakumbukira kuti mpando ndi wa miyezi 12 pamene mlandu wa 2012 uja unatenga zaka pafupifupi 6, ndiye chigamulo chingadzatuluke munthu atamaliza kale udindo wake n'kuyamba ntchito kwina.

Palinso nkhani ya nthawi yobwera ndi dandaulo. Pakhale tsiku lomwe likadutsa khoti silimvanso pempho loimitsa chisankho? Zingathandize kutseka aja obwera dala kutatsala sabata imodzi, koma nanga ngati cholakwikacho chaonekera mochedwa, kapena oyendetsa chisankho atulutsa dala mndandanda womaliza nthawi itatha kale?

Ndani azikhazikitsa tsiku? Likakhala m'manja mwa Vice-Chancellor taona kuti zaka 28 zimatha kudutsa. Likakhala m'manja mwa atsogoleri a ophunzira omwe ali pampando, nawonso ndi anthu, mpando umakoma. Likalembedwa m'malamulo ngati ku India, chimachitika n'chiyani chaka chomwe sukulu yatsekedwa ndi mliri kapena zipolowe, ndipo wonena kuti chifukwa chake n'chokwanira ndani?

Nanga phokoso la kunja kwa khoti? Ku Dhaka zionetsero ndi chigamulo chachiwiri zinachitika tsiku limodzi. Ena amati jaji anangoona malamulo, ena amati palibe jaji amene samva mfuu ya anthu masauzande, ndipo amene anawina ulendo uno ndi mfuu mawa akhoza kukhala iwo ofuna chiletso pamene mfuu ili kwa anzawo.

Ndipo lomwe silikambidwa kawirikawiri ndi la wophunzira wamba, uja sali m'chipani chilichonse, alibe loya, analipira fizi yake yonse kuphatikizapo kandalama ka bungwe la ophunzira chaka ndi chaka, n'kumaliza digiri osaponyako voti ndi kamodzi komwe. Iyeyu akasume ndani, ndipo pofika tsiku lomwe mlandu wake ukumvedwa iye atachoka kale pa sukulu, khoti lidzamuonabe ngati munthu wokhudzidwa?